Ndinalemba Kuti Wakwera

Febuluwale, chaka changa chachitatu pa ntchito

Chimene chinayamba kundiuza ndi mkanda. Iwe Lusungu unali ndi miyezi khumi, ndipo m'chiuno mwako munali kamkanda koyera kamene ndinakumanga ndekha, monga timachitira kwathu kuti tiziona mmene mwana akukulira. Mu Disembala kamkandako kankathina, chala ndinkachita kulowetsa mokakamiza pokusambitsa. Koma Lachinayi limenelo m'mawa, ndikukuimiritsa m'beseni, kanatsetsereka kokha, kudutsa matako, kudutsa mawondo, mpaka kukagwera m'madzi pamapazi ako. Ndinakatola n'kuyang'ana ngati ulusi waduka. Sunaduke. Ndinayang'ana mfundo, inali yomweyo imene ndinamanga. Ndinakusiya uli wonyowa pamphasa, n'kuthamangira m'nyumba kukatenga kabuku kako ka sikelo, ndipo pa mzere wa Januwale panali polembedwa bwinobwino ndi dzanja langa: 7.65, wakwera. Ndinapuma. Ndinati mwina ulusi wangotamuka ndi madzi. Unali utatsegula m'mimba sabata yonse, maso atalowa, koma ine ndinakhulupirira kabuku, mkanda ndinauika m'thumba.

Tiwonge ndi Lusungu, ana anga, zaka zonsezi ndakhala ndikukuuzani kuti chaka chimenecho Lusungu anadwala malungo. Sanali malungo. Tsopano ndapuma pa ntchito, palibenso wondichotsa, ndiye ndilembe mmene zinalili.

Chaka choyamba ndi chachiwiri

Ndinalowa ntchito pa kachipatala kakang'ono chakumtunda kwa Uliwa ndili ndi zaka makumi awiri ndi chimodzi, Tiwonge ali kumbuyo. Ntchito yake inali kukolopa, kuchapa nsalu za kumalo ochilira amayi, kutunga madzi. Woyang'anira nthawi imeneyo anali a Msiska, bambo wonenepa, wokonda kuseka, amene ankalemba anthu ntchito atakhala pakhonde. Anandifunsa kuti, "Nyamhango, sukulu munalekeza pati?" Ine osaganiza n'komwe ndinati, "Sitandade eyiti, adada." Anati, "Pepala lake lili kuti?" Ndinati chiswe chinadya. Anaseka mpaka kupukuta misozi, amvekere, "Chiswe cha kuno n'chophunzira kuposa tonsefe, masatifiketi chadya ambiri." Ndiye anandilemba. Zoona zake n'zakuti ndinasiyira sitandade sikisi, temu yoyamba. Kuwerenga ndinkatha, kulemba ndinkatha, kuphatikiza ndi kuchotsera ndinkatha, koma manambala okhala ndi kadontho pakati aphunzitsi anali atangowayamba kumene pamene ndinasiya.

Pamalopo chilichonse chinkasowa. Sopo tinkadula zidutswa zinayi. Magolovesi ndinkachapa n'kuyanika pa waya ngati masokosi. Anthu nawonso ankasowa: amene ankayeza ana pa sikelo anasamutsidwa, m'malo mwake simunabwere munthu, ndiye a Msiska anangoti, "Nyamhango, Lachitatu lililonse muzisiya chokolopera, muzikakhala pa mango." Sikelo inali yopachika pa nthambi ya mango, ya muvi ngati wotchi, mwana tinkamulowetsa m'kabudula wabuluu n'kumukoloweka, iye akulira, muvi ukunjenjemera, ine n'kudikira kuti uime. Sikelo imeneyo inkapereka nambala imodzi yokha kuseri kwa kadontho: 6.4, 7.8, 9.1. Sinandivutepo n'kamodzi komwe. Eyiti ndi wamkulu kuposa folo, basi, nkhani yatha.

Chaka chachiwiri a Msiska anasamutsidwa, kunabwera Sisita Phiri, mayi wa ku Dedza, wowonda, wosaseka, wosamva Chitumbuka ngakhale cha moni. Ine ndi amene ndinkawamasulira, ndipo chifukwa cha chimenecho anayamba kundidalira. Nthawi yomweyo makhadi a ana, aja okhala ndi msewu wojambulidwa woonetsa ngati mwana akukula, anatha, ndipo sanabwerenso kwa miyezi yambiri. Amayi ankagula makope n'kudulana pakati awiriawiri. Popanda msewu uja, Sisita anaika lamulo lawo: ndiziyang'ana nambala ya mwezi watha, ndiziyang'ana ya lero, n'kulemba pambali mawu amodzi, wakwera kapena watsika, m'kabuku ka mayi ndi m'kaundula wathu. Wotsika azipita pakhomo la Sisita kuti akamuone ndi kulandira ufa wa phala. Wokwera azibwerera kwawo mpaka mwezi wamawa, chifukwa mudzi uliwonse unali ndi Lachitatu lake. Ndiye kuti cholembera changa ndi chimene chinali chitseko. Amayi ankanditcha dokotala wa pa mango, ndipo ine, ndisakubiseni, dzinalo linkandikomera. Bambo anu anali atapita ku Mzuzu kukasaka ntchito Lusungu asanabadwe, makalata osabwera. Ntchito imeneyi ndi imene inkakudyetsani.

Januwale, chaka chachitatu

Sikelo yatsopano inabwera m'katoni, yoyera, yooneka ngati beseni lalitali, ya mabatire, manambala ake otuluka okha pa kagalasi. Sisita anaika pa tebulo pansi pa mango, anadina batani, n'kundifunsa kuti, "Mwaiona? Mutha?" Ndinati ndithu nditha. Mkati munali mayi woyembekezera amene nthawi yake inali itakwana, ndiye Sisita anathamangira komweko. Linali Lachitatu la mudzi wathu ndi midzi iwiri ya kumtunda. Ndinagoneka mwana woyamba, kagalasi kanaonetsa manambala awiri kuseri kwa kadontho. Ndinati nanga chovuta n'chiyani, n'kuwerenga mokweza monga ndinkachitira masiku onse.

Lusungu ndinakuyeza wachisanu. Disembala unali 7.8. Kagalasi kanati 7.65. Ine ndinafuula kuti, "Seveni poyinti sikisite-faifi." Sikisite-faifi ndi eyiti, wamkulu ndani? Ngakhale mwana wa sitandade wanu angakuuzeni. Ndinalemba wakwera, ndinakupsompsona pamphumi, amayi anaomba m'manja. Pamene makilo enieni asintha, monga mwana amene anali 8.1 n'kukhala 7.90, ndinkaona bwino kuti watsika, chifukwa seveni ndi wochepa kwa eyiti. Koma amene anali m'kilo yomweyo, pafupifupi onse tsiku limenelo anakwera.

Mayi mmodzi yekha anakayika. Anali Nyagondwe, wa mudzi wa kumtunda kwenikweni, wamng'ono kwa ine, mwana wake dzina lake Wongani, wa chaka chimodzi ndi miyezi iwiri. Disembala Wongani anali 8.6, tsikulo 8.15. Nditalemba, Nyagondwe sanachoke. Anati, "Wakwera nadi? Inetu kumsana kuno ndikumumva kupepuka. Akukana kudya." Kumbuyo kwake mzere unali wautali, dzuwa likuswa, ine n'kumuyankha mokweza kuti onse amve, "Mama, iyi si ya pa nthambi ija. Sikelo iyi sinama. Fifitini ndi sikisi, simukuona?" Amayi ena anaseka, wina anati, "Ukufuna ufa basi iwe, nena zoona." Nyagondwe anaweramitsa mutu, anabereka mwana wake n'kumapita. Madzulo Sisita akusamba m'manja anati, "Lero mzere wa pakhomo langa unali waufupi. Mwezi wanjala ngati uno?" Ndinati mwina sikelo yakale ija inkatinamiza. Anati, "Mwina," n'kupukuta manja.

Loweruka, patapita masiku awiri mkanda utagwa

Lachisanu unakana bere. Loweruka m'mawa ndinakubereka, Tiwonge ndinamusiya kwa aneba, n'kutsikira ku Uliwa kukagula shuga ndi mchere wopangira madzi a mwana wotsegula m'mimba. Njira yonse mawu a Nyagondwe ankandibwerera, chifukwa nanenso kumsana ndinkamva chimodzimodzi. Ndinalowa m'golosale ya Che Saidi, bambo wachisilamu wa ku Mangochi, amene ankagulitsa mpunga ndi nyemba poyeza pa sikelo ya mbale ziwiri ndi miyala yachitsulo. Ndinadikira kuti ogula onse atuluke. Ndinayang'ana pakhomo kawiri. Ndiye ndinati, "Che Saidi, pali mnzanga wina akufunsa. Akuti seveni poyinti eyiti ndi seveni poyinti sikisite-faifi, cholemera n'chiti?"

Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi awo. Anati, "Mnzanuyo adzabwere kuno, ndizimugulitsa mpunga tsiku lililonse. Munthu wonena kuti sikisite-faifi ndimamukonda ine."

Ndinati, "Bwanji?"

"Chifukwa kuseri kwa kadontho kulibe sikisite-faifi, mayi a Tiwonge. Kuli sikisi, kenako faifi. Aliyense ali ndi mpando wake. Wokhala pafupi ndi kadontho ndiye bwana." Anatulutsa miyala yawo n'kuindandalika pa kauntala. "Kilo imodzi ndi magalamu sauzande. Nambala yoyamba kuseri kwa kadontho ikuwerenga miyala iyi, ya handiredi. Yachiwiri ikuwerenga timagalamu khumikhumi, totsalira. Ndiye eyiti wanuyo ndi miyala ya handiredi isanu ndi itatu. Winayo ali nayo isanu ndi umodzi yokha, ndi kotsalira pang'ono."

Ndinati sindikumva. Sanakwiye. Anayeza mpunga magalamu 800 m'kajumbo, anayeza wina 650 m'kajumbo kena, n'kunena kuti, "Tambasulani manja." Anaika kamodzi kumanja, kena kumanzere. "Uyu ndi poyinti eyiti. Uyu ndi sikisite-faifi wanu uja. Nenani nokha."

Dzanja langa lamanja linatsika. Ndinaima pamenepo manja ali m'malere ngati sikelo, iwe ukupumira pakhosi panga, ndipo ndinaona mzere wonse wa Lachitatu lija, nkhope ndi nkhope. Che Saidi anali akumwetulirabe, koma atayang'ana kamwendo kako kamene kanatuluka m'chitenje, anasiya. Anachotsa majumbo aja m'manja mwanga mwakachetechete. Anati, "Mnzanuyo mumuuze kuti aziika ziro kumapeto, eyiti akhale eyite, kenako aziyerekeza. Ndipo asachedwe." Dzina la mnzanga sanafunse.

Lolemba ndi Lachiwiri

Apa ndi pamene pali manyazi anga enieni, osati pa kusadziwa paja. Lolemba m'mawa ndinakutengera kwa Sisita. Anafunsa kabuku, ndinati ndakaiwala kunyumba, chonsecho kali m'thumba la yunifolomu. Anakuyeza okha, unali 7.20. Anatsina khungu lako la pamimba, linachedwa kubwerera. Anandikalipira kuti, "Inu wa pa sikelo weniweni, mwana kufika apa?" Anandipatsa mankhwala ndi ufa wa phala, ndipo ine ndinati zikomo, n'kutuluka, osaulula za cholakwa changa.

Ndinali nditawerengera kale. Mwezi wamawa manambala onse adzakhala a sikelo yatsopano, awiriawiri kuseri kwa kadontho, ndipo sindidzalakwanso. Cholakwa cha Januwale chidzangokwiririka chokha m'kaundula, palibe amene adzatsegule tsamba lakale. Wanga wathandizidwa. Ndikaulula, Sisita afunsa za sitandade eyiti, andichotsa, ndiye inu awiri mudya chiyani mu Febuluwale? Ndinkadziuza kuti Lachitatu la midzi ija latsala sabata imodzi ndi theka basi, ana adikira. Lolemba lonse ndinakolopa, Lachiwiri ndinakolopa, maso ali pa msewu wochokera kumtunda. Aliyense wobwera atabereka mwana, ndinkachita kuyang'ana nsalu ngati ndi ya Nyagondwe. Kunyumba ndinkakumwetsa phala, iwe ukumeza pang'onopang'ono, ine osatha kuyang'ana supuni.

Lachitatu m'mawa

Ndinali kusesa mosungira katundu pamene Sisita analowa ndi pepala. Anawerenga matumba a ufa, anawerenganso kachiwiri. Anati, "Ufa watsala wambiri mwezi uno. Ndilembera ku Boma kuti ulendo uno atichepetsere, apereke kwa anzathu amene akusowa." Ananena mosangalala, ngati munthu amene ntchito yake yayenda. Ine ndinayang'ana matumba aja, atatsamira khoma, osatsegulidwa. Ndinadziwa kuti eni ake ali kumtunda, ndipo ndine ndinawabweza. Tsache linagwa. Ndinatulutsa kabuku kako m'thumba n'kuwapatsa katatsegulidwa.

"Sisita, musalembe. Taonani apa."

Anayang'ana nthawi yaitali. "Walemba ndani wakwera?"

"Ndine."

"Munalakwitsa pa mwana wanu yekha?"

"Pa onse, Sisita. Ndinkati sikisite-faifi ndi wamkulu kuposa eyiti. Ndadziwa Loweruka."

"Loweruka." Anabwereza mawu amenewo motsitsa. "Lero ndi Lachitatu, Nyamhango."

Anafunsa za sukulu, ndinati sikisi, temu yoyamba, chiswe sichinadye kanthu. Anatseka maso pang'ono. Kenako anati, "Inenso ndinakusiyirani sikelo osakhala nanu ngakhale pa mwana mmodzi. Zimenezo tikambirana. Panopa bweretsani kaundula."

Ana a tsikulo anawayeza okha mofulumira, ine ndikuwagwirira, kenako tinakhala pa tebulo. Anajambula mizere itatu yotsika pa pepala, wa makilo, wa mahandiredi, wa mateni, kadontho pansi pa kadontho, n'kundiuza kuti ndilembe manambala a Disembala ndi a Januwale, limodzi pansi pa linzake, ziro m'malo opanda kanthu. 8.60 pamwamba, 8.15 pansi. Zitalembedwa choncho ngakhale ine ndinkaona ndi maso. Tinapeza ana khumi ndi mmodzi amene anatsika koma ine n'kuwabweza, kuphatikizapo iwe. Sisita anachotsera kuti aone aliyense wataya zingati, ndiye anandikankhira pepala. "Njinga tilibe, onse lero simuwafika. Andandalikeni, wotaya kwambiri akhale pamwamba. Uyu wataya 0.3, uyu 0.15. Woyamba ndani?" Pakamwa panga panatsala pang'ono kutuluka fifitini. Ndinameza, ndinaika ziro, ndinati, "Wa 0.3." Anati, "Pitirizani." Ndinawandandalika onse ndekha, iwo akuyang'ana, osandithandiza. Pamwamba penipeni panali 0.45. Wongani.

Tsiku lomwelo masana

Ndinakubereka, pepala ndinaliika m'jumbo chifukwa cha mvula, n'kuyamba kukwera. Nyagondwe ndinamupeza pakhonde akusenda chinangwa, Wongani atakhala pansi pambali pake, osasewera, osalira. Tsitsi linali litafiira. Mapazi anali atatupa, ndipo nditadina ndi chala, dzenje linatsala. Ndinagwada, ngakhale iye anali wamng'ono kwa ine.

Ndinati, "Mama, mwana akufunika kuchipatala lero lomwe. Anatsika. Munkanena zoona."

Anati, "Si munati sikelo sinama?"

"Sikelo sinaname. Ndine sindinkadziwa kuwerenga."

Anaika mpeni pansi. Anati, "Lachisanu ndinafuna kubwera. Apongozi anga anati, ukukatani, dokotala analemba kale kuti wakwera, ukufuna akakusekenso?" Sanandilalatire. Ndikanakonda akanandilalatira. Anatenga nsalu, anabereka mwana, n'kuyamba kutsika, iye patsogolo, ine pambuyo, njira yonse osatembenuka. Sisita atangoona mapazi aja anaitanitsa galimoto, Wongani anakagonekedwa ku chipatala chachikulu masabata atatu. Anachira. Enawo ndinawayendera Lachinayi ndi Lachisanu, motsatira pepala lija, ndipo pakhomo lililonse ndinkanena mawu omwewo, kuti ndine sindinkadziwa kuwerenga. Ena ankaseka, ena ankandipatsa madzi. Dzina la dokotala wa pa mango linathera pamenepo.

Zotsatira

Sanandichotse ntchito. Sisita analemba lipoti, za sukulu analembamo, zawo za sikelo analembamonso. Ndinalandira kalata yochenjeza, ndinabwerera ku chokolopera chaka chathunthu. Masana aliwonse Sisita ankandisiyira manambala asanu pa kapepala kuti ndiwandandalike, ndipo ndikalakwa ankangozungulitsa ndi cholembera chofiira. Pambuyo pake ndinabwerera pa sikelo, ndinagwirako ku Mlare, ndinapumira ku Mwenilondo, ndipo aliyense amene ndinamuphunzitsa ntchitoyo ndinkayamba ndi kumuika majumbo awiri a mpunga m'manja. Nyagondwe timakumana pa msika wa Uliwa mpaka pano. Ndikamupatsa moni amayankha kuti yewo, n'kupitiriza ulendo wake. Sindinayembekezepo zoposa pamenepo.

Kabuku kako, Lusungu, ndakaika mkati mwa kope lino. Mawu akuti wakwera sindinawafute, ndinangodula mzere umodzi kuti aziwerengeka. Mizere yotsatirayo uona kuti ili ndi malembedwe awiri, anga ndi a Sisita, chifukwa kuyambira pamenepo nambala iliyonse ya inu awiri ndinkapempha munthu wina kuti aionenso, ngakhale nditadziwa kale yankho. Mkanda uja ndinautulutsa m'thumba Lachitatu lomwelo titabwerako kumtunda. Ndinaufupikitsa, ndinamanga mfundo yatsopano, ndinamangira Tiwonge wakenso ngakhale anali wamkulu ndipo ankakana. M'mawa uliwonse, ndisanatsegule buku lililonse, ndinkayamba ndalowetsa chala m'chiuno mwanu nonse awiri. Mkanda wako, Lusungu, unayamba kuthina kumapeto kwa Epulo.